Woimba Zeze Amapangidwa ndi Zeze: Aristotle ndi Ntchito Youmba Khalidwe

Pali mfundo imodzi imene Aristotle, mfilosofi wakale wa ku Greece, ananena yokhudza anthu oimba zeze, ndipo ndi yosavuta kuidumpha. Katswiri wa zeze ndi munthu woimba zogonthetsa m'khutu, onse awiri anapangidwa ndi chinthu chimodzi: kuimba zeze. Woyambayo anakhudza zingwe molondola tsiku ndi tsiku mpaka zala zinazolowera. Winayo naye sanali waulesi ayi. Anakhudza zingwe tsiku ndi tsiku, koma molakwika, ndipo zala zake zinazoloweranso. N'chimodzimodzi ndi amisiri omanga nyumba. Khoma lopendama limamangidwa ndi mmisiri amene wakhala akupendamitsa makoma zaka ndi zaka mpaka diso lake linasiya kuona vuto.

Khalidwe la munthu, malinga ndi Aristotle, limaumbidwa mwa njira yomweyo. Zimene mumachita pochita malonda ndi anzanu ndizo zimakusandutsani wachilungamo kapena wakuba. Zimene mumachita ngozi ikakupezani ndizo zimakusandutsani wolimba mtima kapena wamantha. Ntchito imeneyi ilibe tchuthi. Amene akudikira nthawi yabwino yoti ayambe kukonza khalidwe lake ali kale pakati pa maphunziro, kungoti sakudziwa chimene akuphunzira.

Aristotle anabadwa mu 384 BC ku Stagira, kumpoto kwa Greece. Bambo ake anali sing'anga wa mfumu ya ku Macedonia, ndipo mwina n'chifukwa chake zitsanzo za matenda, zakudya ndi mankhwala zili ponseponse m'zolemba zake. Ali ndi zaka pafupifupi 17 anapita ku Athens kukaphunzira kwa mfilosofi Plato, nakhala kumeneko zaka 20 mpaka Plato anamwalira mu 347 BC. Anaphunzitsapo Alexander, mwana wa mfumu ya ku Macedonia, ali mnyamata, ndipo mu 335 BC anatsegula sukulu yakeyake, Lyceum. Maphunziro ake a khalidwe anatifikira m'buku la magawo 10 lodziwika ndi dzina lakuti Nicomachean Ethics. Ndi louma poliwerenga, lodumphadumpha ngati zolemba za mphunzitsi zokaphunzitsira, koma muli chiganizo chimene chimaulula cholinga chake chonse: sitikufufuza kuti tidziwe tanthauzo la ubwino, tikufufuza kuti tikhale abwino, apo ayi kufufuzako n'kopanda phindu.

Mawu awiri Achigiriki afunika kuwagwira. Loyamba ndi arete. Ife tingati ubwino, koma Agiriki ankalinena pa chinthu chilichonse chochita bwino ntchito yake: diso loona bwino lili ndi arete, kavalo wothamanga bwino ndi wosachita mantha pankhondo ali nayonso. Arete ya munthu ndiye kuchita bwino ntchito ya kukhala munthu. Lachiwiri ndi ethos, chizolowezi, limene limasiyana ndi liwu la khalidwe m'Chigiriki pa kutalika kwa chilembo choyamba chokha. Aristotle anati kufanana kumeneku sikunangochitika. Mwala, anatero, ngakhale muuponye m'mwamba kambirimbiri sudzazolowera kukwera, chifukwa chibadwa sichisinthidwa ndi chizolowezi. Maso tinali nawo tisanayambe kuona. Koma kulimba mtima sitibadwa nako, ndipo sitibadwanso otsutsana nako. Timabadwa okhoza kukulandira, ndipo chizolowezi ndicho chimamaliza ntchito.

Apa anali kuyankha mkangano umene Socrates, mphunzitsi wa Plato, anausiya. Socrates, amene anaweruzidwa kuti aphedwe mu 399 BC, ankaumirira kuti ubwino ndi kudziwa: munthu akadziwadi chabwino sangasankhe choipa. Plato analemba za tsiku limene Socrates anafunsa akazembe awiri ankhondo, Laches ndi Nicias, kuti kulimba mtima n'chiyani. Laches anayankha ngati msilikali: ndi kuima pamalo pako osathawa. Socrates anamukumbutsa za anthu a mtundu wa Asikuti amene amamenya nkhondo akuthawa pa akavalo, ndi za asilikali a ku Sparta amene pa nkhondo ya ku Plataea anayamba abwerera m'mbuyo kenako n'kutembenukira adani. Nicias, munthu wophunzira, anati ndi kudziwa zoyenera kuopa ndi zosayenera kuopa. Mkati mwa zokambiranazo Socrates ananena kuti lamulo limafuna kazembe alamulire wolosera, osati wolosera kulamulira kazembe. Owerenga oyamba a Plato ankadziwa bwino chimene chinadzachitika. Mu 413 BC, Nicias yemweyo ali ndi gulu lankhondo la Athens lofooka ndi matenda ku Syracuse pa chilumba cha Sicily, atagwirizana zochoka, kunachitika kadamsana wa mwezi. Olosera anati adikire masiku 27. Nicias anamvera. Njira yothawira inatsekeka, gulu lonse linawonongeka, ndipo iye anaphedwa. Tanthauzo la kulimba mtima anali nalo pakamwa.

Funso limene aliyense amafunsa pamenepa Aristotle analiyembekezera. Ngati munthu amakhala wachilungamo pochita zachilungamo, kodi si ndiye kuti anali wachilungamo kale pamene ankazichita? Yankho lake ndi lakuti ntchito yachilungamo ndi munthu wachilungamo n'zosiyana. Mwana amene wabweza chenji chonse chifukwa amayi ake akumuyang'ana wachita chinthu cholungama. Kuti ntchitoyo ikhale yochokera m'khalidwe pafunika zinthu zitatu: woichita adziwe chimene akuchita, aisankhe chifukwa cha iyo yomwe, ndipo aichite kuchokera mu mtima wokhazikika wosagwedezeka. Anawonjeza kuti pa zitatuzi kudziwa ndiko kopepuka kwambiri. Ziwiri zinazo zimabwera ndi kubwereza kokha. Anthu ambiri, anatero, amathawira m'mikangano ya nzeru n'kumaganiza kuti akukhala abwino, ngati odwala amene amamvetsera sing'anga mwachidwi koma osachita n'chimodzi chomwe cha zimene wawauza.

Nanga mungadziwe bwanji kuti chizolowezi chakhwima n'kusanduka khalidwe? Chizindikiro chake ndi chisangalalo kapena kuwawa kumene kumatsagana ndi ntchitoyo. Anthu awiri akana chikho chachitatu cha vinyo. Wina wakana ndipo zamuthera pomwepo, akupitiriza kucheza. Wina wakana koma usiku wonse maso ali pamtsuko. Kunja achita chimodzimodzi. M'kati ali kutali. Aristotle anagwirizana ndi Plato kuti maphunziro enieni ndi kuzoloweza mwana kuyambira ali wamng'ono kukondwera ndi zoyenera ndi kunyansidwa ndi zoyenera. Mfundo imeneyi ndi yolemera kuposa mmene imamvekera. Ikutanthauza kuti kholo limene laphunzitsa mwana kugawana chakudya mwa kumuopseza ndi chikwapu lapeza theka lokha la ntchito. Mwanayo agawa ndithu, koma chimene wazolowera ndi kumva kuwawa pogawa.

Pakati si theka

Chiphunzitso chake chotchuka, chimenenso anthu amachipotoza kwambiri, ndi chakuti ubwino uli pakati pa zoipa ziwiri, kupyola muyeso ndi kuperewera. Kulimba mtima kuli pakati pa mantha ndi kudziponya m'ngozi mwaphuma. Kuwolowa manja kuli pakati pa kuumira ndi kumwaza chuma. Ambiri akamva izi amaganiza kuti Aristotle ankalalikira moyo wofunda, wosatentha wosazizira: kwiyani pang'ono, patsani pang'ono, opani pang'ono. Iye anakana zimenezi ndi chitsanzo cha manambala.

Tiyerekeze kuti chakudya cholemera mamina 10 n'chochuluka kwa munthu, ndipo mamina 2 n'chochepa. Mina imodzi inali pafupifupi magalamu 430, ndiye tikunena za makilogalamu opitirira 4 mbali ina, ndi osakwana kilogalamu imodzi mbali inayo. Mwa masamu, pakati ndi mamina 6. Kodi mphunzitsi wa masewero alamule mamina 6 kwa aliyense? Ayi. Kwa Milo wa ku Croton, chimphona cha masewero ogwetsana pansi chimene chinapambana kasanu ndi kamodzi ku Olympia, mamina 6 angakhale ochepa. Kwa mnyamata amene wayamba dzulo masewero ndi ochuluka. Pakati pamene pakunenedwa apa ndi poyenera munthuyo, pa nthawiyo, pa nkhaniyo.

Choncho "pakati" pamapezeka poyankha mafunso angapo nthawi imodzi: liti, pa nkhani yanji, kwa yani, ndi cholinga chanji, mwa njira yotani. Tengani mkwiyo. Kukwiya aliyense amatha, n'kosavuta. Koma kukwiyira munthu woyenera, pa mlingo woyenera, nthawi yoyenera, ndi cholinga choyenera, mwa njira yoyenera, si kwa aliyense. Onani mmene funso lililonse lingalakwikire palokha. Munthu wanyozedwa kuntchito, wakatsanulira mkwiyo pa ana kunyumba: mlingo mwina unali bwino, koma walakwitsa munthu. Wina wakwiyira wolakwa weniweni, koma pamaliro: walakwitsa nthawi. Wina wadzudzula wolakwa nthawi yabwino ndi mawu oyenera, koma cholinga chake n'choti anthu amuone: walakwitsa chifukwa. N'chifukwa chake Aristotle anati njira zophonya n'zambiri ndipo yolasa ndi imodzi. Ndipo nthawi zina poyenerapo ndi mkwiyo waukulu ndithu. Munthu wongoyang'ana abale ake akuchitidwa chipongwe osakwiya, iye sanamuyamikire kuti ndi wofatsa. Anati ndi chitsiru.

Pali zinthu zina zimene zilibe pakati. Chigololo, kuba, kupha munthu, nsanje, kukondwera ndi tsoka la mnzako: mayina ake omwewo ali kale ndi kuipa m'kati. Palibe kuchita chigololo ndi mkazi woyenera pa nthawi yoyenera, anatero mosabisa mawu.

Popeza kulasa pakati n'kovuta, anapereka malangizo atatu kwa amene akuyesa. Oyamba: pa zoipa ziwirizo, thawani kwambiri chimene chili kutali ndi ubwinowo. Mantha ali kutali ndi kulimba mtima kuposa phuma. Kuumira kuli kutali ndi kuwolowa manja kuposa kumwaza. Ngati mulakwitse, lakwitsirani ku choipa chochepa. Achiwiri ndi amene ali ndi ntchito kwambiri. Dziwani kumene inuyo mumapendekera, pakuti anthu timapendekera kosiyanasiyana, ndipo mudzakudziwa poona chimene chimakukomerani. Mukakudziwa, dzikokereni mbali inayo mopitirira, monga amachitira anthu owongola mtengo wopindika. Amene anawongolapo nsungwi kapena mpini amadziwa kuti ukaupinda kufika powongoka penipeni n'kuusiya, umabwerera. Umaupitiriza, kuti pobwerera uime pakati. Munthu wouma manja amene akufuna kusintha ayenera kupatsa kufikira iye mwini akuona ngati wapitirira, chifukwa muyeso wake wa m'mutu ndi wopindika kale. Kwa wokonda kulalata, chete amene akumuona ngati wamantha mwina ndiye mlingo weniweni. Achitatu: chenjerani ndi chisangalalo, chifukwa pa mlandu wake sitikhala oweruza osakondera.

Zofanana ndi kulimba mtima

Pamene Aristotle akuonetsa diso lake lakuthwa ndi pa kulimba mtima, pomwe anatchula mitundu isanu ya anthu ooneka olimba mtima koma asali. Woyamba ndi nzika imene imamenya nkhondo poopa manyazi ndi chilango, kapena pofuna ulemu. Ameneyu ali pafupi kwambiri ndi chenichenicho, makamaka ngati chikumukankha ndi manyazi. Koma amene akupita kutsogolo chifukwa mkulu wake wamuimika kutsogolo kwa ngalande kuti asathawe, ali pansi. Wachiwiri ndi msilikali waganyu wodziwa ntchito. Amaoneka wosaopa chifukwa amadziwa phokoso lopanda ngozi, ndipo zida zake n'zabwino. Koma akaona kuti adani achuluka ndipo zida zawo zaposa zake, ndiye woyamba kuthawa, pamene nzika wamba zimafera pomwepo, monga zinachitikira pa nkhondo ina pa kachisi wa mulungu Hermes. Chimene ankadalira chinali mphamvu, ndipo mphamvu zitachepa analibe china.

Wachitatu ndi waukali, wothamangira adani ngati chilombo cholasidwa. Apa Aristotle anaseka pang'ono: ngati kumeneko ndi kulimba mtima, ndiye kuti abulu anjala nawonso ndi olimba mtima, pakuti ngakhale uwamenye sachoka pa msipu. Wachinayi ndi wodzidalira chifukwa wapambana kawirikawiri, wofanana ndi woledzera. Zinthu zikangotembenuka, wathawa. Wachisanu ndi wosadziwa ngozi, ngati asilikali a ku Argos amene anaukira gulu lina poganiza kuti ndi la ku Sicyon, n'kupeza kuti ndi la ku Sparta.

Phindu la mndandanda umenewu ndi lakuti mtundu uliwonse uli ndi malo ake othyokera, ndipo mungawalosere. Woopa chilango amathyoka woyang'anira akachoka, waganyu masamu akamuipira, waukali mkwiyo ukazizira. Wolimba mtima weniweni amaopa ndithu, ndipo Aristotle anafika ponena kuti imfa imamuwawa kuposa ena, chifukwa moyo wake ndi wokoma ndipo akudziwa chimene akutaya. Amaima chifukwa waona kuti kuima n'kokongola ndipo kuthawa n'konyansa. Amene saopa chilichonse, chivomezi kapena mafunde, monga ankanenera za anthu a mtundu wa Aselote, ameneyo ndi wamisala.

Pa ndalama anali wachidule koma wolasa. Womwaza chuma amachira msanga kuposa woumira, chifukwa ukalamba ndi umphawi zimamuchiritsa, ndipo dzanja lopatsa ali nalo kale. Chofunika n'kungomuphunzitsa kwa yani ndi motani. Woumira sachira, pakuti ukalamba umangowonjezera kuumirako. Koma anachenjezanso kuti omwaza ambiri amasanduka olanda: chuma chikatha ndipo dzanja lazolowera kupatsa, amatenga paliponse osafunsa. Kuwolowa manja kumayezedwa ndi zimene munthu ali nazo, kotero wopereka zochepa kuchokera pa zochepa angapose wopereka zambiri. Za kususuka anangotchula munthu wina amene anapemphera kuti khosi lake litalike kuposa la mbalame, kuti azimva kukoma nthawi yaitali chakudya chikutsika.

Wodziwa koma wosachita

Socrates ananena kuti palibe wochita choipa akudziwa. Aristotle anati mawu amenewa akutsutsana poyera ndi zimene timaona. Anasiyanitsa anthu anayi amene kunja angaoneke awiri okha. Pali amene zilakolako zake zagwirizana ndi nzeru zake, sakulimbana ndi kanthu. Pali wodzigwira, amene ali ndi zilakolako zoipa zamphamvu koma amazigonjetsa. Pali wolephera kudzigwira, amene amadziwa chabwino, amachifuna, koma amagonja. Vuto lakeli Agiriki ankalitcha akrasia. Ndipo pali woipa, amene amachita choipa akukhulupirira kuti n'choyenera. Wolephera kudzigwira amanong'oneza bondo m'mawa mwake. Woipa sanong'oneza. Kuipa kuli ngati chifuwa chachikulu, nthenda yosalekeza. Kulephera kudzigwira kuli ngati khunyu, kumabwera n'kupita. Woipayo sadziwa n'komwe kuti akudwala.

Kodi kudziwa kumapita kuti pa nthawi yogonjayo? Kulipo, koma kuli ngati kwa munthu wogona kapena woledzera. Woledzera akhoza kulakatula ndakatulo zonse za mfilosofi Empedocles osaphonya liwu, monganso wochita zisudzo amanena mawu a mfumu. Mawu akutuluka, koma sanamere m'thupi. Anamuyerekezanso ndi mzinda umene umakhazikitsa malamulo abwino onse koma osagwiritsa ntchito n'limodzi lomwe, pamene woipa ndi mzinda wotsata malamulo ake mokhulupirika, kungoti malamulowo ndi oipa.

Kulepheraku kuli mitundu iwiri, ndipo mankhwala ake ndi osiyana. Pali wofooka, amene amaganiza bwinobwino, n'kupanga chosankha, kenako n'kulephera kuchisunga. Pali waphuma, amene chilakolako chimamunyamula asanaganize n'komwe. Waphumayo ndi wosavuta kuthandiza. Aristotle anati munthu amene wayamba yekha kugirigisha sagirigishika. Chimodzimodzi amene waona chiyeso chikubwera n'kudzidzutsa pasadakhale sagwa msanga. Mwa machitidwe, izi zikutanthauza kupanga chosankha musanafike pamalopo. Munthu wodziwa kuti mowa umamugonjetsa amasankha ali kunyumba kuti atenge ndalama zingati, pakuti akafika pamene botolo lili patsogolo pake woweruza amakhala wagona kale.

Diso la wodziwa zinthu

Chizolowezi chokha sichikwana. Ana ndi nyama zomwe ali ndi mtima wina wachibadwa, wina wofatsa, wina wosaopa, koma popanda nzeru mtima wotere umavulaza, ngati chimphona chosaona chimene chikagwa chimagwa mwamphamvu chifukwa cha kulemera kwake komwe. Mwana wachifundo wopanda nzeru amapatsa wodwala chakudya chimene sing'anga waletsa. Chimene chimapatsa maso khalidwe Aristotle anachitcha phronesis, luntha lodziwa chochita pa nkhani imene ili patsogolo pako.

Luntha limeneli si la m'mabuku. Anati achinyamata amakhala akatswiri a masamu, koma wachinyamata wa luntha lotere sapezeka, chifukwa limafuna kudziwa zinthu chimodzichimodzi, ndipo zimenezo zimabwera ndi zaka. Chitsanzo chake ndi cha kukhitchini. Wina amadziwa kuti nyama yopepuka imagayika msanga ndipo ndi yabwino kwa wodwala, koma sadziwa kuti nyama yopepukayo ndi iti. Wina sadziwa mfundo imeneyo, amangodziwa kuti nkhuku ndi yabwino kwa wodwala. Wachiwiriyu ndiye adzachiritsa munthu. Afilosofi Thales ndi Anaxagoras ankadziwa zakuya ndi zodabwitsa, koma anthu sankawatcha aluntha pa za moyo; dzina limenelo ankapatsa anthu ngati Pericles, mtsogoleri wa Athens, otha kuona chabwino kwa iwo eni ndi kwa anthu onse. N'chifukwa chake Aristotle analangiza kumvera mawu a akuluakulu odziwa zinthu ngakhale asapereke umboni, pakuti zaka zawapatsa diso. Wowerenga wa kwathu kuno sangadabwe nazo. Mawu a akulu akoma akagonera.

Luntha limeneli lili ndi m'bale wake wofanana naye nkhope, kuchenjera. Wochenjera amapeza njira yofikira cholinga chilichonse. Cholinga chikakhala chabwino, tiyamika. Chikakhala choipa, ndi ukathyali chabe. Kuipa kumapotoza diso, munthu n'kumaona cholinga cholakwika ngati chabwino, kotero sikutheka kukhala waluntha usali wabwino, kapena wabwino kwenikweni usali waluntha. Pa malamulo ananenanso zofanana. Lamulo limalankhula za onse, pamene milandu imabwera umodziumodzi, ndipo nthawi zina kutsata chilembo kumabala chisalungamo. Anakumbutsa za amisiri a pa chilumba cha Lesbos amene ankayeza miyala ndi choyezera cha mtovu, chopindika motsata mwalawo.

Ndani ali ndi mlandu pa khalidwe loipa, ngati linayamba munthu ali mwana? Aristotle sanamasule munthu. Wodwala chifukwa chonyozera malangizo a sing'anga anali ndi mwayi wosadwala poyamba. Tsopano sangachire pongofuna. Mwala ukauponya sungaubweze, komabe kuponyako kunali m'manja mwako. Anatchula malamulo opatsa oledzera chilango chowirikiza kawiri, ndipo Pittacus wa ku Mytilene anakhazikitsadi lamulo loti woledzera akalakwa alipire zambiri kuposa wosaledzera: kusadziwa kwake anadzipangira yekha. Apa pali mfundo imene sinamangidwe bwino, ndipo n'koyenera kuivomereza. Iye mwini anati kaleredwe ka ubwana ndiko pafupifupi zonse. Ngati zili choncho, mwana woleredwa moipa anaponya liti mwala wake? Kuwongola mtengo m'poyamba, koma mtengo susankha amene auwongole. Aristotle anaona mbali zonse ziwiri ndipo sanazilumikize mokhutiritsa.

Cholinga cha zonsezi ndi eudaimonia, moyo woyenda bwino wathunthu. Si chimwemwe cha tsiku limodzi. Namzeze mmodzi sabweretsa nyengo, anatero, ngakhalenso tsiku limodzi. Ndipo anavomereza chimene afilosofi ena anakana: khalidwe labwino lokha silikwana. Pafunika abwenzi, chuma chokwanira, thanzi, ana abwino. Priam, mfumu ya ku Troy imene inakalamba bwino kenako n'kuona ana ake akuphedwa ndi mzinda ukugwa, palibe angamutche wodala. Onena kuti munthu wabwino ndi wodala ngakhale akuzunzidwa, Aristotle anati akulankhula zopanda pake. Asitoiki, otsatira Zeno wa ku Citium amene anayamba kuphunzitsa ku Athens cha m'ma 300 BC, ananena zimenezo ndendende, nawonjeza kuti pa ubwino palibe masitepe: womira pafupi ndi pamwamba pa madzi ndi womira pansi penipeni onse akumira. Chiphunzitso chawocho chimalimbitsa munthu amene walandidwa zonse. Koma kwa amene akulera mwana kapena akulimbana ndi chizolowezi, Aristotle ndi wothandiza kuposa, chifukwa amavomereza kuti wodzigwira movutikira ali patsogolo pa wogonja, ndipo wogonja ali patsogolo pa woipa.

Diso la Aristotle linalinso ndi pamene silinkaona. Analemba kuti anthu ena ndi akapolo mwachibadwa, ndi kuti akazi ali ndi nzeru zoganizira koma zopanda ulamuliro. Amisiri ndi aganyu sanawawerengere m'gulu la okhoza kufika pa ubwino wathunthu, ngakhale zitsanzo zake zabwino kwambiri anazitenga kwa amisiri omwewo. Munthu wake wapamwamba, woyenda pang'onopang'ono, wa mawu okuya, wochita manyazi kulandira thandizo, ambiri lero angamuone ngati wodzikuza chabe. Zimenezi zikutsimikizira chiphunzitso chake momupweteka iye mwini: anakulira pakati pa akapolo, nazolowera kusamva kuwawa powaona.

Kumapeto kwa maphunziro ake anabwerera ku funso la poyamba: kodi mawu angasinthe munthu? Anati amathandiza achinyamata amene akonda kale zabwino, koma ambiri samva mawu, amamva mantha. Nthaka iyenera kulimidwa mbewu isanagwe. N'chifukwa chake ankafuna malamulo a mzinda asamalire kaleredwe ka ana, ndipo anadandaula kuti ndi Sparta yokha, mwina ndi mizinda ina yochepa, imene inachita zimenezo. Kwina konse munthu aliyense amalamulira ana ndi mkazi wake mmene wafunira. Koma kumene boma lanyalanyaza, ntchito imagwera kholo ndi bwenzi, ndipo anaona ubwino wina pamenepo. Mawu a bambo ali ndi mphamvu chifukwa ana amayamba ndi chikondi, ndiponso kholo limadziwa mwana wake payekha. Kupuma ndi kusala chakudya kumathandiza ambiri odwala malungo, koma wina sikungamuthandize. Mphunzitsi wa nkhonya naye saphunzitsa ophunzira ake onse kamenyedwe kamodzi.